Nyimbo, Kamera ndi Doketi: Mawu kwa Achinyamata a kwa Maseya

Amfumu ndi anyakwawa amene muli pano, aphunzitsi, makolo, abwana a polisi amene mwalola kukhala nafe, ndi inu achinyamata amene mwadzaza kumbuyoko:

Ndabwera kudzalankhula za anthu ojambula mafilimu a zochitika zenizeni, makamaka aja amene anatsata nyimbo za rapu ndi mkangano wake ndi apolisi. Wina afunsa kuti nkhani ya ku New York ikudzatani kwa Maseya, kumene tulo timasowa chifukwa cha madzi a Shire, mtengo wa thonje ndi ganyu ya m'minda ya nzimbe. Koma mnyamata amene amakajambulitsa mavesi ake pa kompyuta ya mnzake pa Dyeratu kapena pa Nchalo, n'kukumana ndi galimoto ya polisi usiku pobwerera, ali kale m'kati mwa nkhaniyi.

Mnyamata ndi wapolisi akakumana mumdima, kukacha pamakhala nkhani ziwiri. Ya wapolisi imalembedwa m'buku la pasiteshoni, imalowa mu doketi, imafika kukhoti ili ndi deti ndi chidindo. Ya mnyamata imatsala m'kamwa mwake, ndipo ikachita mwayi imasanduka nyimbo. Nyimbo imayenda kutali, koma siimuombola mwini wake pamaso pa woweruza. Chimene ndikufuna mutenge lero ndi chakuti wojambula filimu wabwino amaika nkhani yachiwiriyi poti anthu angathe kuifufuza ndi kuiyeza, popanda kukwirira yoyamba ija. Ntchito imeneyi ndi yolemera kuposa kuloza foni pamene pali phokoso.

Chikhalidwe cha hip-hop chinabadwira ku Bronx, dera la anthu osauka mumzinda wa New York. Ambiri amawerengera chiyambi chake pa 11 Ogasiti 1973, tsiku limene DJ Kool Herc, mnyamata wochokera ku Jamaica, anaimbitsa zimbale paphwando la m'nyumba ina pa msewu wa Sedgwick. Sichinali rapu yokha. Munali kuvina kodzigwetsa pansi, munali ukatswiri wosakaniza zimbale, munalinso kulemba maina ndi utoto pa zipupa ndi pa sitima zapamtunda. Kulemba pa sitimaku ndi kumene kunayamba kuwagundanitsa mitu ndi apolisi.

Panali munthu wina wojambula zithunzi, Henry Chalfant, amene anatha zaka akuima m'masiteshoni kudikira sitima zolembedwazo kuti azijambule zisanafufutidwe. Anyamata aja anayamba kumuzolowera, mpaka ankamuuza okha sitima imene aipenta usikuwo. Atagwirizana ndi Tony Silver, anapanga filimu yotchedwa Style Wars, imene inatuluka mu 1983 ndipo inapambana mphoto ku chikondwerero cha mafilimu cha Sundance mu 1984. Ndikufuna tiime pang'ono pa filimu imeneyi, chifukwa m'menemo muli sukulu yonse.

Muli chithunzi china chojambulidwa m'nyumba, mopanda sitima ngakhale wapolisi. Mnyamata wodzitcha Skeme ali pamodzi ndi mayi ake. Iye akufotokoza monyadira kuti akufuna dzina lake liyende mumzinda monse, ndipo kuti amalembera anzake odziwa kuwerenga zilembozo, osati anthu ena onse. Mayi ake akupukusa mutu, akumuyang'ana cham'mbali, akunena mantha awo: kuti mwana wawo amayenda usiku m'njanji zamagetsi ndipo tsiku lina sadzabwerako. Wojambula sanadule mawu a mayiyo kuti mnyamata aoneke ngwazi. Sanadulenso a mnyamatayo kuti aoneke chitsiru. Kenaka kamera yomweyo ikupita kwa wapolisi wofufuza, Bernie Jacobs, amene akufotokoza modekha kuti kwa iye zimenezi ndi mlandu basi. Ikupitanso kwa meya wa mzindawo, Ed Koch, amene anamangitsa mipanda iwiri ya waya wocheka ndi kuika agalu pakati pake kuti ateteze malo ogonera sitima. Ikuonetsanso mnyamata wina wotchedwa Cap, amene ntchito yake inali kuononga zojambula za anzake. Ukamaliza kuonera umakhala ngati wachokera pabwalo la mfumu yodziwa kuweruza, pamene wodandaula walankhula, wodandauliridwa walankhula, mboni zalankhula, ndipo aliyense wabwerera kwawo atamva ndi makutu ake.

Chaka chomwecho cha 1983, mu Seputembala, apolisi oyang'anira sitima anagwira mnyamata wachikuda wa zaka 25, Michael Stewart, pomuganizira kuti amalemba pa khoma la siteshoni. Anafika kuchipatala atakomoka, thupi lili ndi mikwingwirima, ndipo anamwalira patatha masiku 13. Apolisi asanu ndi mmodzi anazengedwa mlandu, onse anamasulidwa mu 1985. Panalibe kanema wosonyeza zimene zinachitika usiku umenewo. Patatha pafupifupi zaka zisanu ndi zitatu kuchokera usiku umenewo, pa 3 Malichi 1991, munthu wamba George Holliday anajambula ali pakhonde la nyumba yake apolisi a ku Los Angeles akumenya Rodney King. Achinyamata oimba rapu mumzindawo, monga gulu la N.W.A, anali atanena kale za nkhanza zotere m'chimbale chawo cha 1988, ndipo malipiro awo anali kalata yowadzudzula yochokera ku FBI, bungwe lofufuza milandu la boma la America, mu 1989. Kanema wa Holliday anasonyeza dziko kuti anyamatawo sankapeka. Ngakhale zinali choncho, khoti loyamba linamasula apolisiwo mu Epulo 1992, ndipo mzinda unayaka moto. Awiri mwa iwo anadzapezeka olakwa pa mlandu wachiwiri mu 1993. Musaganize kuti kanema amapambana mlandu yekha. Koma pa 25 Meyi 2020, pamene George Floyd anafa ku Minneapolis, chikalata choyamba cha apolisi chinangoti munthu anadwala ali m'manja mwawo. Chimene chinagwetsa chikalatacho ndi foni ya mtsikana wa zaka 17, Darnella Frazier, amene anaima pamalo amodzi osasiya kujambula. Wapolisi Derek Chauvin anagamulidwa zaka 22 ndi theka.

Apolisi nawo ankasunga zawo. Mu 2004 nyuzipepala ya Miami Herald inaulula kuti apolisi a ku Miami anali ndi chibuku cha maina, zithunzi ndi mbiri za oimba rapu, chimene analandira kwa anzawo a ku New York. Mafilimu awiri a mu 2006 anatsata nkhaniyi: ya Don Sikorski yotchedwa Rap Sheet, ndi ya Peter Spirer yotchedwa Black and Blue, imene inayenda ndi Derrick Parker, wapolisi amene anayambitsa ntchito yolondalonda oimbawo. Mu 2024, J.M. Harper anatulutsa As We Speak, momwe woimba wina wa ku Bronx, Kemba, akuyenda m'mizinda ya America mpaka ku London kufunsa mmene makhoti amatengera mavesi a nyimbo ngati chivomerezo cha mlandu. Mmodzi mwa amene anacheza nawo ndi Mac Phipps wa ku New Orleans, amene mavesi ake anawerengedwa m'khoti, ndipo anakhala m'ndende zaka 21 akukanabe mlanduwo. Wolemba sewero akapha munthu pa siteji palibe amene amamumanga. Mnyamata wakuda akapha munthu mu vesi, ena amati waulula. Boma la California linaona vutoli ndipo mu 2022 linakhazikitsa lamulo lochepetsa mchitidwewu.

Tsopano tiwoloke nyanja tibwere kwathu, chifukwa kuno nkhaniyi ili ndi maliro ake.

Evison Matafale sanali wa rapu, anali wa rege, koma palibe woimba wa ku geto m'Malawi muno amene sadziwa dzina lake. Anamangidwa kwawo ku Chileka mu Novembala 2001 chifukwa cha kalata yodzudzula boma la Bakili Muluzi. Anali akudwala kale. Anamutengera ku Lilongwe, ndipo pa 27 Novembala anamwalira ali m'manja mwa apolisi, ali ndi zaka 32. Kafukufuku anachitika, koma mpaka lero anthu amene amasonkhana ku Chileka chaka ndi chaka kudzamukumbukira sanakhutire. Ku Chileka komweko, mu 1967, katswiri wa ku Austria Gerhard Kubik anajambula filimu ya Daniel ndi Donald Kachamba akuimba, ndipo chifukwa cha iyeyo zala za Daniel pa gitala tikhoza kuziona lero. Za ulendo womaliza wa Matafale timadalira zolemba za boma ndi zokumbukira za abale. Izi zimandipweteka, ndipo ndi chimodzi mwa zimene zandiimika pano.

Ku Zambia kuli Fumba Chama, amene mumamudziwa ngati Pilato. Anamangidwa mu Juni 2015 chifukwa cha nyimbo yonyogodola Pulezidenti Edgar Lungu, mlandu n'kuthetsedwa. Atatulutsa Koswe Mumpoto kumapeto kwa 2017 analandira ziopsezo, anathawira ku South Africa, ndipo pobwerera mu Meyi 2018 anamangidwira pabwalo la ndege ku Lusaka. Kufupi kwambiri ndi ife kuli Mozambique. Edson da Luz, wodziwika kuti Azagaia, anaitanidwa ku ofesi ya mkulu wozenga milandu mu 2008 chifukwa cha nyimbo yake Povo no Poder, imene anaitulutsa pambuyo pa zipolowe za mitengo ya maminibasi ku Maputo. Anamwalira pa 9 Malichi 2023. Masiku amene ife kuno tinali kuthawa madzi a namondwe Freddy, apolisi a ku Maputo anali kuthira utsi wokhetsa misozi pa anthu operekeza maliro ake, ndipo pa 18 Malichi anabalalitsanso achinyamata amene ankayenda pomukumbukira. Zina mwa izi zinadziwika kunja chifukwa cha mafoni a anthu wamba. Dzina la nyimbo ija linadzamvekanso m'misewu pa zionetsero za pambuyo pa chisankho cha Okutobala 2024, ndipo mu Disembala chaka chomwecho anthu zikwizikwi anawoloka malire kulowa ku Nsanje ndi kuno ku Chikwawa. Ena a inu munawagawira ufa. Ndiye musati nkhani ya rapu ndi apolisi ndi ya kutali. Inafika pakhomo panu itasenza mtolo pamutu.

Koma kawirikawiri mkangano wa mnyamata ndi wapolisi kuno sukhala wa ndale. Umakhala wa vakabu ndi chipikisheni. Mu Malichi 2015 Mayeso Gwanda, wogulitsa majumbo, anagwidwa m'bandakucha ku Blantyre akupita kukachita malonda ake ku Limbe, ndipo anamutsekera pa mlandu wa vakabu. Sanangolipira chindapusa n'kukhala chete. Anapita ku khoti lalikulu, ndipo pa 10 Januwale 2017 oweruza anagamula kuti gawo 184(1)(c) la malamulo a zilango likutsutsana ndi malamulo aakulu a dziko lino. Mu 2022 khoti lalikulu ku Zomba linagamulanso kuti chipikisheni chongosesa aliyense wopezeka panja usiku ndi chosemphana ndi malamulo. Mlanduwo unachokera ku Kasungu, ndipo mmodzi mwa odandaula anali DJ amene anamutola ali pa ntchito yake m'bala. Ndi angati a inu amene munamva za zigamulo ziwirizi? Gawo 42 la malamulo aakulu limati womangidwa auzidwe chifukwa chimene wamangidwira, ndipo aonekere kukhoti pasanathe maola 48. Filimu ya mphindi khumi, yojambulidwa m'Chimang'anja kapena m'Chisena, yofotokoza zimenezi kudzera m'kamwa mwa wakabaza amene anagonapo m'chitokosi, ingaphunzitse anthu ambiri m'chigwa chino kuposa mapepala a chigamulo amene ali m'Chingerezi ku Zomba.

Abwana a polisi, ndikuona mwakhala chete, ndipo musaganize kuti ndabwera kudzakuimbani mlandu. Kamera imene ndikunenayi ikufunika ilowenso m'nyumba zanu za kulaini. Ione wapolisi amene waitanidwa usiku kuti ng'ombe zabedwa koma galimoto ilibe mafuta. Ione amene waima tsiku lonse padzuwa la pa Thabwa mu Okutobala. Ku Msundwe mu Okutobala 2019 gulu la anthu linapha wapolisi Usumani Imedi pomugenda miyala. Pambuyo pake apolisi anachita nkhanza zogwirira amayi ndi atsikana m'midzi yozungulira, ndipo mu Ogasiti 2020 khoti lalikulu linalamula kuti amayi 18 apatsidwe chipepeso. Wojambula amene angaonetse chimodzi mwa ziwirizi n'kubisa chinacho ndi wabodza, ngakhale chithunzi chilichonse m'filimu yake chitakhala choona. Ku ndende ya Zomba, pamene Ian Brennan ndi Marilena Delli anakajambula nyimbo ndi zithunzi mu 2013, anapeza akaidi ndi owalondera akuimba m'bandi imodzi, ndipo chimbale chawo chinafika pa mndandanda wa opikisana pa mphoto ya Grammy mu 2016. Akanapita atatsimikiza kale kuti wovala yunifomu aliyense ndi chilombo, sakanachiona chimenecho.

Nanunso oimba, kamera isakunyengerereni. Mu Januwale 2018 woimba rapu Mwiza Chavura anamangidwa ndipo nyimbo yake inaletsedwa chifukwa inkatamanda kugwirira akazi. Ine sindiika nkhani imeneyo m'thumba limodzi ndi ya Pilato kapena ya Azagaia. Kudzudzula wolamulira ndi kuopseza mtsikana ndi zinthu ziwiri zosiyana, ndipo amayi amene anakweza mawu nthawi imeneyo ananena zoona. Ku America, Byron Hurt, munthu wokonda rapu ndi mtima wake wonse, anapanga filimu mu 2006 yofunsa oimba rapu maso ndi maso chifukwa chimene amanyozera akazi ndi kutamanda mfuti. Ena anasowa chonena, wina anangonyamuka n'kuchoka. Kufunsa kotero ndi chikondi. Ndipo chigwa chathu chili ndi chilonda chakechake chimene sitingachikankhire kwa apolisi. Mu Malichi 2016 anthu asanu ndi awiri anatenthedwa ku Nsanje powaganizira kuti anali ndi mafupa a anthu. Masiku ano woganiziridwa kuba ng'ombe kapena ufiti akagwidwa, pamakhala achinyamata atakweza mafoni, ena akuseka, ndipo madzulo kanemayo ali pa WhatsApp. Kumeneko si kusunga umboni. Ndi kuthandizira kupha, ndi kunyazitsa mtembo pamaso pa ana ake.

Nanga amene akufuna kuigwira bwino ntchitoyi ayambire pati? Ayambire pa kukhalitsa. Chalfant anadikira zaka kuti anyamata amukhulupirire. Moses Bwayo wa ku Uganda anatsata woimba Bobi Wine pafupifupi zaka zisanu, pamodzi ndi Christopher Sharp, kuti apange filimu imene inapikisana nawo pa mphoto ya Oscar mu 2024. M'zaka zimenezo Bwayo anatsekeredwa m'ndende, anaomberedwa kumaso ndi chipolopolo cha labala, ndipo pomaliza anachoka m'dziko lake. Sindikunena izi kuti mukafunefune zipolopolo. Makolo ali panowa sangandikhululukire, ndipo palibe kanema woyenera moyo wa mwana wa munthu. Ndikunena kuti filimu imapangidwa ndi masiku ambiri amene palibe chochitika: woimba akutunga madzi, akukangana ndi mayi ake za sukulu, akupempha ngongole ya bandulo, akudikira magetsi abwere kuti amalize biti. Tsiku la mavuto likadzafika, woonera amakhala atamudziwa kale ngati munthu, ndipo sangamuone ngati chigawenga chopanda dzina.

Mukakumana ndi chochitika chenicheni, imani patali, musatchinge wapolisi pa ntchito yake, musatukwane. Nenani m'kanema momwemo tsiku, nthawi ndi malo. Jambulani mosadukiza, chifukwa kanema wodulidwadulidwa ndi wosavuta kumukana. Musathamangire pa Facebook. Sungani kanema woyamba monga alili, musamuike nyimbo kapena zilembo, ndipo mukopere pa memori ina imene isungidwe nyumba ina. Madzi a Januwale 2022 ndi a Malichi 2023 anatiphunzitsa zimene zimachitikira katundu wosungidwa malo amodzi. Munthu amene wachitidwa nkhanza mufunseni kaye musanaonetse nkhope yake. Mwana, kapena mayi wogwiriridwa, nkhope ndi dzina lake zisatuluke n'komwe. Ndipo dziwani kopita nawo. Lamulo la apolisi la 2010 linakhazikitsa bungwe loima palokha lolandira madandaulo okhudza apolisi, limene linachedwa zaka khumi kuti liyambe ntchito koma tsopano lilipo. Kuli bungwe la boma loona za ufulu wa anthu, kuli ofesi ya Ombudsman, kulinso maloya a boma othandiza osauka. Kanema woperekedwa kumeneko ali wathunthu amalemera kuposa amene wazungulira m'magulu zana a WhatsApp.

Pali funso la ndalama limene sindingalilumphe. Alendo amabwera m'chigwa chino ndi makamera akuluakulu nthawi ya madzi osefukira, amajambula, amapita, ndipo ojambulidwawo saona ngakhale chithunzi chimodzi. Inu musatengere khalidwe limenelo pa anzanu. Mukajambula woimba wa pa Bereu, gwirizanani poyamba kuti nyimbo ndi yake, filimu ndi yanu, ndipo ikadzapeza kangachepe mudzagawana bwanji. Lembani papepala, anyakwawa achitire umboni.

Pempho langa kwa inu amfumu ndi lakuti filimu yoyamba imene ana awa adzamalize, ngakhale itakhala ya pa foni, idzaonetsedwe pabwalo lanu isanapite pa intaneti. Ojambulidwa adzakhale kutsogolo, makolo awo alipo, ndipo abwana a polisi adzaitanidwe ndi kalata, adzapatsidwe mpando ndi mpata woyankha. Aphunzitsi, ngati kusukulu kuli kompyuta ndi sola, lolani ana awa aziigwiritsa ntchito Loweruka posanja zithunzi zawo, pakhale mphunzitsi mmodzi wowayang'anira. Kwa abwana a polisi ndikupempha kuti mnyamata kapena mtsikana akabwera ku ofesi kwanu mwaulemu kudzapempha kucheza nanu pa kamera, mutumize pempho lakelo kwa akuluakulu anu m'malo momubweza pakhomo.

Amene ali ndi mafunso ayambe ndi achinyamata a kumbuyoko.